MLENDO NDI MPEREKEZI WACHE PA DOOKO LA NAGASAKI

Zombo zazikulu zonyamula anthu oyendera maiko zimalowa m'dooko la Nagasaki m'mamawa, dzuwa lisanakwere. Dookoli liri kumadzulo kwa chisumbu cha Kyushu m'dziko la Japan, ndipo ndi lalitali ndi lopapatiza ngati mtsinje, mapiri atalizinga mbali zonse ziwiri. Chombo chikapita pansi pa mlatho wa Megami, umene unatha kumangidwa mu 2005, chimakocheza pa Matsugae, ndipo anthu amatsika khamu lalikulu, ali nao maora owerengeka okha oti aone mzinda umene mbiri yache ndi ya zaka zoposa 450. Akulu anati mlendo ndi mame. Pa Nagasaki mauwa ndi oona ndithu, pakuti madzulo a tsiku lomwelo chombo chimamasula zingwe nichoka.

Ambiri a iwo amakwera mabasi, natsata kambendera ka munthu wolankhula pa chokuzira mau. Koma alipo ena amene amalemba ganyu munthu mmodzi wa mumzindamo kuti ayende nao okha tsiku lonse, kaya ndi banja limodzi kaya anthu awiri atatu ogwirizana. Mtengo wache ndi wokwera kuposa wa basi, chotero munthu wosamala thumba lache ayenera kufunsa kuti ndalama zoonjezerazo zigula chiani.

Yankho liri mu mkhalidwe wa mzindawo. Pali mizinda imene munthu angaione ndi maso okha nakhuta, koma zinthu zambiri zimene zinauchukitsa Nagasaki kulibenso. Chisumbu chache chotchuka chinaleka kukhala chisumbu, tchalitchi chache chachikulu ndi china chomangidwa m'malo mwa chimene chinagwa, ndipo pamene panaphulikira bomba lero pali udzu ndi mitengo ndi mipando yopumirapo. Mlendo woyenda yekha amajambula zithunzi zokongola, nabwerera kuchombo osadziwa kuti malo amene anaona m'mawa ndi amene anaona madzulo ndi mbali za nkhani imodzi.

PA PHIRI LA GLOVER

Kuchokera pa Matsugae sipafunika galimoto, chifukwa phiri la Minami-Yamate liri pomwepo, ulendo wapansi wa mphindi zochepa. Pamwamba pache pali nyumba ya Thomas Blake Glover, yomangidwa mu 1863, imene ndiyo yakale koposa mwa nyumba zamatabwa zachizungu zotsala m'Japan. Glover anali wa ku Scotland, ndipo anafika ku Nagasaki mu 1859 ali mnyamata wa zaka 21, chaka chomwe chija David Livingstone, wa mtundu wache womwewo, anafika ku Nyanja ya Malawi. Anayamba ndi malonda a tiyi, koma dzina lache linamveka chifukwa chogulitsa mfuti ndi zombo kwa ankhondo a ku Satsuma ndi Choshu, amene anagwetsa boma la shogun mu 1868.

Zonsezi zinalembedwa pa zikwangwani, ndipo mlendo angaziwerenge yekha. Chimene mperekezi amachita ndicho kumtembenuza mlendoyo kuti aleke kuyang'ana nyumba, napenye tsidya lija la madzi. Kumeneko kuli malo okhomera zombo a kampani ya Mitsubishi, ndi kireni yaikulu yachitsulo yochokera ku Scotland imene inaimikidwa mu 1909. Pamalo amenewo, kuyambira mu 1938, anakhoma chombo cha nkhondo chotchedwa Musashi, chimodzi cha ziwiri zazikulu koposa za mtundu wache zimene zinakhomedwapo, ndipo anachibisa ndi chotchinga cha zingwe zolendewera kuti anthu a mumzinda asachione. Popeza khonde la nyumba ya Glover linapenyana ndi malowo, mwana wache, Kuraba Tomisaburo, amene amai ache anali Mjapani, anachoka m'nyumbamo mu 1939, ndipo zaka zonse za nkhondo apolisi anamganizira kuti ndi kazitape. Anadzipha yekha pa 26 August 1945, nkhondo itangotha kumene. Mperekezi wodziwa nchito yache sachulukitsa mau pamenepa. Amangopempha mlendo kuti akumbukire tsidya lija, pakuti adzalifuna madzulo.

ANTHU A KU URAKAMI

Potsika phirilo amafika pa tchalitchi cha Oura, choyera, chokhala ndi nsanja yosongoka. Kuti tchalitchichi chimveke, mperekezi ayenera kubwerera m'mbuyo zaka 300. Nagasaki unali mudzi wa asodzi kufikira mu 1571, pamene mfumu Omura Sumitada, woyamba kubatizidwa mwa mafumu a Japan, anatsegula dooko kuti zombo za Apwitikizi zizikocheza. Njira ya Apwitikiziwo inali yodzera pa chisumbu cha Mozambique, ku Goa ndi ku Macau, ndipo pa zithunzi zimene amisiri a ku Japan anajambula masiku amenewo pamaoneka anthu akuda pakati pa amalinyero ndi anchito onyamula katundu. Pamodzi ndi malonda panadza Chikristu, chimene chinafala msanga kotero kuti mu 1580 mzindawo unaperekedwa m'manja mwa ansembe a Chijezwiti. Olamulira Japan anachita nacho mantha. Mu 1614 Chikristu chinaletsedwa m'dziko lonse, ndipo pambuyo pache anthu a ku Nagasaki anayamba kuitanidwa chaka ndi chaka kuti apondereze chifanizo cha Yesu kapena cha Maria pamaso pa akulu a boma, kusonyeza kuti sali Akristu.

Tchalitchi cha Oura anachimanga ansembe a ku France mu 1864, ndipo chinali cha Azungu amalonda okha, pakuti lamulo loletsa linali likadalipo kwa eni dziko. Pa 17 March 1865 kagulu ka alimi ochokera m'chigwa cha Urakami, kumpoto kwa mzinda, kanalowa ngati ongodzaona nyumba yachilendo. Mai wina mwa iwo anasendera kwa wansembe Bernard Petitjean, namnong'oneza kuti mtima wao unali umodzi ndi wache, nafunsa kumene kunali chifanizo cha Maria. Anthuwa anali atasunga chipembedzo chao mobisa zaka pafupifupi 250 popanda wansembe ndi mmodzi yemwe, akubatizana okha ndi kuwerenga okha masiku a zikondwerero.

Mabuku a alendo amakonda kuimira pomwepa, pokondweretsa. Koma kudziulula kwao kunawadzetsera tsoka: boma linagwira anthu a ku Urakami pafupifupi 3,400 niliwabalalitsira ku zigawo zakutali, kumene oposa 600 anafa ndi njala, matenda ndi mazunzo, kufikira lamulo loletsa linachotsedwa mu 1873. Otsalawo anabwerera kwao ali amphawi, napeza minda yao itasanduka thengo. Dzina la Urakami ndilo chinthu chachiwiri chimene mlendo apemphedwa kusunga kufikira madzulo.

CHISUMBU CHOPANDA MADZI

Dejima ndi pamene mlendo wopanda womuuza amakhumudwa koposa. Amayembekeza chisumbu, koma amapeza nyumba zamatabwa pakati pa misewu, masitolo ndi maofesi, madzi ali mbali imodzi yokha ngati ngalande. Chisumbucho chinali chopangidwa ndi manja a anthu, chomalizidwa mu 1636, chosakwana maekala 4, ndipo cholinga chache chinali kutsekeramo Apwitikizi kuti asasakanizane ndi eni mzinda. Apwitikizi atapitikitsidwa mu 1639, Adatchi anasamutsidwiramo mu 1641, ndipo kwa zaka zoposa 200 kachisumbu kameneka kanali khomo lokhalo limene Japan inachitirapo malonda ndi Ulaya. Kanalumikizidwa ndi mtunda ndi mlatho umodzi wokhala ndi alonda. Adatchi okhalamo kawirikawiri sanapitirire 20, pamodzi ndi akapolo amene anabwera nao kuchokera ku Batavia, ndipo anali kugula mkuwa ndi kugulitsa shuga, nsaru ndi mankhwala. Pofika mu 1904 nyanja yozungulira inali itakwiriridwa ndi dothi pokulitsa dooko. Zambiri mwa nyumba zimene zirimo tsopano ndi zomanganso potsata mapulani ndi zithunzi zakale. 16 zinali zitatha pofika mu 2016, ndipo mlatho watsopano unatsegulidwa mu 2017.

Pamenepa mperekezi wa ku Nagasaki ali ndi chifukwa chonyadira, pakuti nchito yache inayambira pa mlatho umenewu. Mdatchi sanali kuloledwa kuoloka yekha kulowa mumzinda. Anayenera kupeza chilolezo ndi kuperekezedwa. Pakati pa iye ndi dziko lonse la Japan panaima omasulira a boma, amene udindo wao unali wosiyirana m'banja, atate kusiyira mwana. Iwo ndiwo anasankha chimene mlendo amve ndi chimene asamve, ndiponso anali maso a boma pa iye. Komabe kudzera mwa anthu omwewo mabuku a Adatchi a zamankhwala ndi za nyenyezi analowa m'Japan, ndipo pamene sing'anga wa ku Germany, Philipp Franz von Siebold, anafika mu 1823, analoledwa kutsegula sukulu ku Narutaki kunja kwa chisumbu. Anamthamangitsa mu 1829 atampeza ndi mapu oletsedwa, ndipo ena mwa omthandiza analangidwa koopsya. Mwana wache wamkazi amene anamsiya, Kusumoto Ine, anadzakhala sing'anga wotchuka wa mankhwala achizungu.

Tsono kuyenera kunenedwa kuti si mperekezi aliyense amene adziwa zimenezi. Lamulo la Japan la mu 1949 linalola okhawo opambana mayeso a boma kulandira malipiro poperekeza alendo m'zinenero zachilendo, ndipo mayesowo ndi a chinenero, mbiri ya dziko ndi malo ache. Koma alendo atachuluka kuposa aperekezi, lamulolo linafewetsedwa mu January 2018, kotero kuti tsopano munthu aliyense angathe kugwira nchitoyi nalipidwa, ngakhale kuti dzina la mperekezi wobvomerezedwa ndi boma likhalabe la opambana mayeso okha. Kusinthaku kunatsegulira njira anthu ena odziwa mzinda wao bwino lomwe amene analibe chikalata, kunatseguliranso ena ongodziwa Chingelezi ndi malo odyera. Safunsa anadya phula: mlendo achita bwino kufunsiratu ngati munthuyo ali ndi chikalata, ngati amakhala mu Nagasaki momwemo, ndi ngati mtengo wache uphatikiza zolipira pa makomo ndi pa ulendo.

Chakudya cha masana sichibvuta, chifukwa dera la Achaina la Shinchi liri pafupi ndi Dejima. Kumeneko amadya champon, ndiwo msuzi wa mafupa a nkhumba ndi nkhuku wothiramo zingwezingwe za ufa wa tirigu, kabichi ndi za m'nyanja, umene Mchaina wina mwini nyumba yodyera ya Shikairo, yotsegulidwa mu 1899, anayamba kuphikira ana a sukulu a kwao osauka. Keke yotchedwa castella inasiyidwa ndi Apwitikizi.

ULENDO WA KUMPOTO

Atatha kudya amakwera kasitima kamagetsi koyenda pakati pa mseu, kamtundu kamene kanayamba kuyenda mumzindamo mu 1915. Mperekezi amasankha kameneka dala, pakuti mlendo ayenera kuona ndi maso ache momwe mzinda umapapatizira pakati pa mapiri nulowa m'chigwa. Pafupi ndi siteshoni yaikulu pali chitunda cha Nishizaka, pamene Akristu 26 anapachikidwa pa mitanda pa 5 February 1597, atatu mwa iwo ali ana. Nthawi ikachepa, amangochiloza ali m'kasitima.

Chigwa chimene kasitima kalowamo ndicho Urakami. Pa 9 August 1945 ndege ya Amereka yonyamula bomba la atomu inali itatumidwa ku mzinda wa Kokura, koma inaupeza utaphimbika ndi mitambo ndi utsi, nitembenukira ku Nagasaki mafuta ali pafupi kutha. Nakonso kunali mitambo. Malo amene analinga anali pakati pa mzinda wakale, koma bombalo linaponyedwa makilomita oposa 3 kumpoto kwache, niliphulika mphindi 2 itakwana 11 koloko m'mawa, mamita pafupifupi 500 m'mwamba, pamwamba pa nyumba za ku Matsuyama. Mapiri anatchinjiriza mzinda wakale, ndicho chifukwa chache nyumba ya Glover ndi tchalitchi cha Oura zikadalipo. Chigwa chinalandira moto wonse. Pofika kumapeto a chaka chimenecho anthu pafupifupi 74,000 anali atafa, ndi enanso ochuluka chomwecho atabvulala, mumzinda wa anthu 240,000.

Apa ndi pamene mperekezi amatulutsa zinthu ziwiri zija anasungitsa mlendo m'mawa. Choyamba: Nagasaki unalowa m'ndandanda wa mizinda yoti iphulitsidwe chifukwa cha malo okhomera zombo aja ndi mafakitale a zida a Mitsubishi, ndipo bomba linagwa pakati pa awiri a mafakitalewo, imodzi ya iwo ndiyo inapanga mabomba oyenda m'madzi amene anamiza zombo za Amereka ku Pearl Harbor mu 1941. Chachiwiri: anthu amene anali pansi pache anali zidzukulu za alimi aja analowa m'tchalitchi cha Oura. Atabwerako ku ukapolo wao anasonkha tindalama tao, nagula malo a nyumba ya mfumu ya mudzi, pomwe paja makolo ao anakakamizidwa kupondereza zifanizo, nayamba kumangapo tchalitchi cha njerwa mu 1895. Nchitoyo inawatengera zaka 30 kufikira nsanja zache ziwiri zinatha mu 1925. Chinaima zaka 20 zokha, mamita 500 kuchokera pamene bomba linaphulikira. Mwa Akatolika 12,000 a ku Urakami, pafupifupi 8,500 anafa.

Mlendo amene wamva zimenezi amafunsa kumene kuli mabwinja a tchalitchicho, popeza ku Hiroshima anasunga nyumba yao yogumuka kuti dziko lonse liione. Ku Nagasaki anawagwetsa mu 1958, namanga tchalitchi chatsopano pomwepo mu 1959. Nkhani imeneyi eni mzinda amatsutsanabe pa iyo. Mpingo unafuna kupempherera pa dothi lomwelo la makolo ao, ndipo chifukwa chimenecho nchomveka kwa aliyense wodziwa mbiri ya malowo. Koma mfumu ya mzinda ya nthawi imeneyo, Tagawa Tsutomu, amene poyamba anali kumbali ya osunga mabwinja, anasintha maganizo atabwerako ku ulendo wa ku Amereka mu 1956, ndipo alipo ambiri amene mpaka lero sakhutira ndi kusinthako. Chidutswa chimodzi cha khoma chinasamutsidwira pafupi ndi mwala wakuda wosonyeza pamene bomba linaphulikira. Anthu a pa basi amachijambula, ambiri osadziwa kuti sipamene chinali.

Zotsala zenizeni zamwazikana m'tinjira ta pakati pa nyumba za anthu, kumene basi silingalowe. Kuli chipata chamwala cha kachisi wa Sanno, chimene chinatsala ndi mwendo umodzi, ndi mitengo iwiri ikuluikulu imene inapsya niphukanso. Kuli kanyumba ka chipinda chimodzi, kokwana mphasa ziwiri zokha, mmene sing'anga Nagai Takashi, amene mkazi wache anafa ndi bomba, anagonamo akudwala nalemba mabuku ache kufikira imfa yache mu 1951.

CHONENA NDI CHOSANENA

Mphamvu ya omasulira a pa Dejima ikadali m'manja mwa mperekezi wa lero, pakuti mlendo wa tsiku limodzi amamva chokhacho chimene wauzidwa. Pafupi ndi malo a bomba pali mwala wokumbukira anthu a ku Korea amene anafa tsiku limenelo, woimikidwa mu 1979. Ambiri a iwo anali atatengedwa kwao mokakamizidwa kudzagwira nchito m'mafakitale ndi m'migodi ya malasha. Mperekezi angaime pamenepo, angapitirirenso osanena kanthu, ndipo mlendo sadzadziwa kuti wadumphitsidwa. Kulankhula za mlandu wa Japan pa nkhondoyo si chinthu chopepuka mumzindawu: mfumu ya mzinda Motoshima Hitoshi itanena mu December 1988 kuti Mfumu Yaikulu Hirohito inali ndi mbali yache pa mlandu wa nkhondo, inaomberedwa ndi mfuti mu January 1990, koma inapulumuka. Mlendo woyenda ndi anthu 40 sangafunse za zotere. Woyenda ndi mperekezi wachewache angafunse, ndipo pa mayankhidwe ache adzadziwa mtundu wa munthu amene wamlemba.

Nchitoyi ikulemera chaka ndi chaka chifukwa cha chinthu chimene palibe angachiletse. Kale mlendo wofuna kudziwa za tsiku lija anali kupita naye kwa munthu amene analiona. Bungwe la opulumuka bomba, Nihon Hidankyo, linalandira mphotho ya Nobel ya mtendere mu 2024, koma mu March 2025 chiwerengero cha opulumuka olembedwa m'kaundula wa boma m'Japan monse chinatsika kwa nthawi yoyamba pansi pa 100,000, ndipo zaka zao, pozigawa mofanana, zinali 86. Ambiri mwa otsalawa anali ana mu 1945. Mzinda wa Nagasaki ukuphunzitsa ana ao, zidzukulu zao ndi anthu ena odzipereka kuti aloweze umboni wa munthu mmodzi mmodzi ndi kuunena m'malo mwache, ndipo alipo aperekezi odzipereka amene amayendetsa alendo m'nyumba yosungiramo za bomba, yotsegulidwa mu 1996.

Nthawi ikatsalako, malo otsiriza ndi pa tchalitchi cha Urakami chomwecho. M'munsi mwa chitunda, pambali pa kamtsinje, pagona denga la nsanja yakumpoto pamene linagwera mu 1945. Mwa mabelu awiri a tchalitchi chakale, limodzi linafukulidwa m'mabwinja liri lamoyo, niliombedwa usiku wa Khirisimasi chaka chomwecho. Linzache linasweka, ndipo nsanja yache inakhala yopanda belu zaka 80. Akatolika a ku Amereka anasonkha ndalama nagula lina, ndipo pa 9 August 2025, mphindi 2 itakwana 11 koloko, mabelu awiriwo analira pamodzi.

Kuchokera pamenepo kubwerera ku Matsugae pafunika kusintha kasitima kamodzi panjira, ndipo mperekezi amayang'ana wochi yache kawirikawiri, chifukwa chombo sichidikira munthu wochedwa amene sanapite pa basi ya kampani. Amamsiya mlendo pa chipata cha dooko, pamene wopanda chikalata cha ulendo saloledwa kupitirira.